"Ndinangochita mwayi": chifukwa chake okhoza bwino amadzikayikira

Tikafika kwathu ku Mayani pa tchuthi, anthu amatilonjera mwaulemu, ena nayamba kale kutitchula kuti "aphunzitsi". Koma mumtima ambiri a ife timaganiza kuti MSCE tinangoikhoza mwamwayi, ndipo tsiku lina zidzaululika kuti sitidziwa kanthu.

Maganizo otere anafufuzidwa kale. Mu 1978 akatswiri awiri a za maganizo a munthu ku America, Pauline Rose Clance ndi Suzanne Imes, anasindikiza zimene anapeza atacheza kwa zaka zisanu ndi amayi oposa 150 ochita bwino pa maphunziro ndi pa ntchito. Ngakhale anali ndi madigiri, amayiwa ankakhulupirira kuti si anzeru, angonamiza anthu. Akatswiriwa anatcha vutoli impostor phenomenon, kutanthauza kudziona ngati wachinyengo. Pambuyo pake zinadziwika kuti abambonso limawagwira.

Clance anafotokoza mmene vutoli limadzibwerezera. Munthu akapatsidwa ntchito amagwidwa ndi mantha. Kenaka amachezera usiku wonse kuwerenga mopitirira muyeso, kapena amazengereza mpaka tsiku lomaliza. Akakhoza amati, "Ndinangodzipha ndi kuwerenga," kapena, "Mayeso anaphweka." Choncho kukhozako sikumutsimikizira kanthu, ndipo ntchito ina ikabwera mantha amayambiranso.

Kafukufukuyu analozanso kubanja. Ena anakulira m'nyumba momwe m'bale wawo ndiye ankatchedwa wanzeru. Ena ankauzidwa kuti palibe chingawavute, ndiye atakumana ndi phunziro lovuta anaganiza kuti makolo ankangowakometsera.

Izi n'zosiyana ndi kudzichepetsa kumene tinaphunzitsidwa kunyumba ndi kutchalitchi. Wodzichepetsa amadziwa luso lake koma sadzitama nalo. Wodzikayikira amalikana, ndipo mapeto ake amaopa kufunsa m'kalasi, amakana udindo, mwinanso osafunsira n'komwe mwayi wopitiriza maphunziro.

Njira ziwiri zimene akatswiriwa ankagwiritsa ntchito tingaziyese pano. Yoyamba ndi kukambirana pagulu, poti ukamva mnzako amene umamusirira akuulula mantha omwewo, umazindikira kuti manthawo sanena zoona. Yachiwiri ndi kulemba m'kope mawu onse otiyamikira pa ntchito yathu, ndi mmene tinawakanira.

Posachedwa tidzaima kutsogolo kwa kalasi. Mwana wokhoza bwino akadzati anangochita mwayi, tidzamuonetse pepala lake ndi kumulozera zimene iye mwini analemba molondola.