MUTU NDI MTIMA: M'MENE ATSOGOLERI AGAMULIRA ZA MAIKO AKUNJA

Mlimi wa ku Katete kapena ku Petauke angayese kuti nkhani za pakati pa maboma ndi za akuluakulu a ku Lusaka okha. Koma mu Okutobala 1978 thumba la fataleza linatsegulitsa njira ya njanji imene inakhala yotsekedwa zaka zisanu. Mbiri ya malire a Zambia ndi Rhodesia, dziko limene lero lichedwa Zimbabwe, ionetsa bwino m'mene atsogoleri agamulira nkhani za maiko akunja. Mutu uwerenga phindu ndi citayiko, koma mtima nawonso ulankhula, ndipo nthawi zina mau ake amveka kopambana.

Kuwerenga kwa mutu

Pamene Zambia inalandira ufulu pa 24 Okutobala 1964, moyo wake unali womangika ku maiko a kum'mwera. Mkuwa wambiri unali kupita kunyanja pa njanji yodzera m'Rhodesia. Malasha osungunulira mkuwawo anali kucokera ku Wankie, ndipo makina a magetsi a ku Kariba anali kutsidya la Rhodesia. Tsono pa 11 Novembala 1965 a Ian Smith analengeza kuti azungu ocepa a m'Rhodesia adzadzilamulira okha popanda cilolezo ca Britain.

Munthu woyang'ana ndalama zokha akadalangiza a Kenneth Kaunda kuti akhale cete ndi kusunga malonda. Iwo sanatero, komanso sanathamange kutseka malire tsiku lomwelo. Anayamba kufuna njira zina pang'onopang'ono. Mafuta anayamba kubwera pa ndeke ndi pa malole odzera mseu woipa wa kumpoto, kufikira mpope wa mafuta wocokera ku Dar es Salaam kufika ku Ndola unatha mu 1968. Boma linatsegula mgodi wa malasha ku Maamba ndi kumanga malo opangira magetsi ku Kafue Gorge.

Nkhani ya njanji ya TAZARA nayonso inayendera kuwerenga komweko. Banki ya Dziko Lonse inali itanena kuti njanji yotere sidzapindula, ndipo maiko a azungu sanafune kuikapo ndalama. China inavomera. Pangano linasainidwa mu 1967, nchito inayamba mu 1970 ndi kutha mu 1975, pa mtunda wa makilomita 1,860 kucokera ku Dar es Salaam kufika ku Kapiri Mposhi, ndipo ngongole yake inali yopanda ciwongoladzanja. A Kaunda anali Mkristu, mwana wa mlaliki wa ku Lubwa, ndipo sanali wa cikomyunizimu. Anapita kumene kunali thandizo, pakuti dziko lopanda doko silisankha bwenzi poyang'ana nkhope.

Kulankhula kwa mtima

Komabe kuwerenga kokha sikungafotokoze cifukwa cimene Zambia inalolera kusauka motere. Mtsogoleri aliyense afika pa mpando ndi zipsera zake. A Kaunda anakula m'masiku a tsankho, pamene munthu wakuda anali kugulira nyama pa kazenera ka kumbali kwa sitolo, ndipo anasiya kudya nyama cifukwa ca mwano umenewo. Mu 1959 atsamunda anawamanga, ndipo mbali ina ya cilango cao anaigwirira m'ndende ya ku Salisbury, mzinda womwewo umene pambuyo pake unakhala likulu la boma la a Smith. Kwa munthu wotere nkhani ya Rhodesia inali yoposa mitengo ya katundu. Akulu akale anati mnzako akapsa ndevu m'zimire, ndipo Zambia inapatsa malo omenyera ufulu a ku Zimbabwe, Mozambique, Angola, Namibia ndi South Africa.

Katswiri wa za ndale wa ku America, Robert Jervis, analemba mu 1976 kuti atsogoleri ambiri alakwa cifukwa aona mdani wao monga m'mene afunira kumuonera, ndipo anyalanyaza zizindikiro zotsutsana ndi cimene akhulupirira kale. Zimene zinacitika mu 1973 zigwirizana ndi mau amenewa.

Pa 9 Januwale 1973, omenyera ufulu atalimbitsa nkhondo m'mbali mwa Zambezi, a Smith anatseka malire kuti akhaulitse Zambia. Koma analola kuti mkuwa uzipitabe, pakuti njanji ya Rhodesia inali kupeza ndalama zambiri pounyamula. Anayesa kuti Zambia idzagwada m'masabata owerengeka. Sanafunse ngakhale anzao a ku South Africa ndi Portugal, amene malonda ao anasokonezeka ndipo sanakondwere nazo. Safunsa anadya phula. A Kaunda anayankha kuti mkuwa nawonso sudzapitanso kum'mwera. Mwezi usanathe a Smith anatsegula mbali yao ya malire, koma Zambia inasiya mbali yake ili citsekere.

Pa cigamulo cimeneci mutu ndi mtima zinayenda pamodzi. Mutu unaona kuti njira imene mdani angatseke tsiku lililonse si yodalirika, kuti njanji ya Benguela yopita ku doko la Lobito m'Angola inali kuyenda, kuti TAZARA inali kumangidwa, ndiponso kuti mtengo wa mkuwa unali kukwera. Mtima unakana kuti munthu amene wakutsekera citseko mwa cipongwe akuuzenso tsiku lolowa.

Pamene zinthu zisintha

Cigamulo cabwino ca caka cina cingasanduke goli caka cinzake. Mu 1975 mtengo wa mkuwa unali utagwa kwambiri, pamene mtengo wa mafuta unali utakwera. Caka comweco nkhondo ya m'Angola inaimitsa njanji ya Benguela. Katundu yense anathamangira ku Dar es Salaam, doko linadzaza, ndipo mabogi a TAZARA sanakwanire. M'masitolo munayamba kusowa zinthu monga sopo, mcere ndi mafuta ophikira.

Pofika 1978 vuto linalowa m'munda. Mvula inali pafupi, koma fataleza wambiri anali asanafike m'dziko. Cimanga ca haibulidi cimene alimi ambiri anali kubzala sicibala bwino popanda fataleza, ndipo fataleza wofika mocedwa sathandiza kanthu. Apa pali msampha umene ugwira atsogoleri ambiri: munthu akanena cinthu pamaso pa dziko lonse, kubweza mau kumuwawa koposa kutaya cuma. Ambiri apitiriza njira yoipa cifukwa coopa manyazi okha.

Kuciyambi kwa Okutobala 1978 a Kaunda analengeza kuti njanji ya kum'mwera, yodzera pa mlatho wa Victoria Falls, iyambenso kunyamula katundu wa Zambia. Atsogoleri anzao, a Julius Nyerere a ku Tanzania ndi a Samora Machel a ku Mozambique, sanakondwere nazo. Adani anaseka. Ngakhale zinali tero, Zambia sinathamangitse omenyera ufulu, ndipo mtengo wake unaoneka msanga: pa 19 Okutobala ndeke za Rhodesia zinaponya mabomba pa msasa wa ku Chikumbi pafupi ndi Lusaka ndi kupha anthu ambiri. Colinga cinakhala comweco, koma njira inasintha kuti anthu asafe ndi njala. Mu Ogasiti 1979 msonkhano wa maiko a Commonwealth unacitikira mu Lusaka ndi kutsegula njira ya zokambirana za ku Lancaster House, ndipo Zimbabwe inalandira ufulu pa 18 Epulo 1980.

Mbiri imeneyi ipatsa munthu wamba muyeso woyesera atsogoleri. Akamva pa wailesi kuti boma lapangana ndi dziko lakuti, kapena layambana ndi dziko lakuti, angafunse mafunso atatu. Kodi mtsogoleri wawerenga bwino amene adzasenza katundu wa cigamuloco? Kodi wafunsa anthu amene angamutsutse, kapena wamvera omuyamika okha? Kodi zinthu zikasintha adzalimba mtima kubwerera? A Smith analephera pa funso laciwiri mu 1973. A Kaunda anakumana ndi funso lacitatu mu 1978, ndipo anasankha nkhokwe ya mlimi m'malo mwa ulemu wa mau ao a kale.