Ati dzuwa ndi lamoyo: mkangano wabuka pakati pa asayansi

Abale anzanga a pamsika, dzuwa lomwe limakuwambani pabenchi kuyambira m'mawa mpaka madzulo, lomwe limafotetsa mpiru ndi kufewetsa tomato wanu, ati ndi chamoyo. Ena akuti limaganiza kumene. Izi sindinazitole ku bawo kapena kwa a ntchezo ayi. Akunena ndi anthu a mapepala awo, ndipo anzawo a sayansi akuwatsutsa mpaka thovu kukamwa.

Nkhani yonse yagona pa chinthu chotchedwa plasma. Mukudziwa kuti ayezi ukamutenthetsa amasanduka madzi, madzi ukawawiritsa amasanduka nthunzi. Tsono mpweya ukautenthetsa mopitirira muyezo, tizidutswa take timang'ambika n'kuyamba kunyamula magetsi. Ameneyo ndiye plasma. Mphezi ikang'anima mwamuona. Kuwala kothobwa m'maso kwa anyamata owotcherera mageti ndi mafelemu ndi yemweyo, ndipo alimonso m'machubu aatali a magetsi aja. Dzuwa ndi nyenyezi zina zonse ndi mipira ya plasma. Pamwamba pa dzuwa pamatentha madigiri pafupifupi 5,500, pakati pake 15 miliyoni.

Dzinali anapereka ndi Irving Langmuir wa ku America m'ma 1920, atabwereka mawu omwe madokotala amatchulira madzi a m'magazi. Mwina chisokonezo chinayambira pomwepo, dzina lokhalo likununkha moyo. M'ma 1940 David Bohm, akufufuza ku Berkeley, anadabwa kuona tizidutswa ta plasma tikuyenda mogwirizana ngati gulu limodzi, ndipo chinthucho chinkamuonekera ngati chamoyo. Mu 1957 katswiri wa zakuthambo wa ku Britain, Fred Hoyle, analemba buku la nthano lotchedwa The Black Cloud, lonena za mtambo wanzeru womwe unabwera kudzaphimba dzuwa. Hoyle sanabise, anati ndi nthano basi.

Zinafika pena mu 2007 pomwe Vadim Tsytovich wa ku Moscow ndi anzake, kuphatikizapo Gregor Morfill wa ku Max Planck Institute ku Germany, anatulutsa zomwe anapeza mu magazini ya New Journal of Physics. Iwo anati fumbi likalowa mu plasma limatha kudzisanja lokha n'kupanga tizingwe topotana ngati sipuling'i. Tizingweti timafanana ndi DNA, kaulusi ka m'thupi komwe kamachititsa kuti mwana atenge mphuno ya bambo ake. Anatinso kachingwe kamodzi kamatha kugawika n'kukhala tiwiri, ndipo tosalimba timaphwasuka n'kutsala tolimba. Nyuzipepala za kunja zinalumphira nkhaniyi ngati kaunjika wongotsegula kumene.

Koma taimani kaye. Tizingwe tobereka timeneti anationa pa kompyuta, m'masamu omwe iwo eni anaikamo. Palibe anatigwira tikuswana. Chinanso, plasma wa fumbiyu amapezeka kumalo ozizira monga m'mikombero ya Saturn. M'kati mwa nyenyezi fumbi silingakhale, limapsa n'kusanduka mpweya nthawi yomweyo. Ndiye amene amatenga ntchito ya Tsytovich n'kumati yatsimikiza kuti dzuwa lili ndi moyo akugulitsa mbuzi ili m'thumba.

Amene anafika pa nyenyezi zenizeni ndi Gregory Matloff wa ku New York, mu 2012. Mfundo yake ndi yokoma kumva. Kalekale katswiri wa ku Russia, Pavel Parenago, anaona kuti nyenyezi zozizirirapo, za mtundu wa dzuwa lathu, zimathamanga kusiyana ndi zotentha kwambiri. Matloff anati mwina nyenyezi zimenezi zili ndi kamzimu, ndipo zimadzikankha dala pofwenthera mpweya mbali imodzi. Mu 2021 Rupert Sheldrake wa ku Britain, munthu yemwe asayansi anzake anazolowera kukangana naye, anawonjezera nkhuni pamoto ndi nkhani yake yofunsa ngati dzuwa limazindikira zomwe likuchita.

Yankho la akatswiri ambiri ndi losavuta, ndipo ine ndaima nawo. Nyenyezi zotentha kwambiri zimapsa msanga, sizikalamba. Zozizirirazo zimakhala zaka mabiliyoni. Dzuwa lathu lokha lili ndi zaka pafupifupi 4.6 biliyoni. Pa nthawi yonseyo zakhala zikukokedwa ndi kukankhidwa ndi mitambo ikuluikulu ya mpweya yomwe zimadutsana nayo. Taganizirani munthu yemwe wakhala tsiku lonse pa chipwirikiti cha pa depoti ya mabasi ku Lilongwe. Amapezeka ali uko, chipewa chili uko, osati mwa kufuna kwake koma chifukwa cha zigongono za anthu. Wongofika kumene amakhala akadali pomwe watsikira.

Nanga moyo n'chiyani? Apa mpomwe pali fupa. Moto wolusa umadya, umakula, umapuma mpweya, umabereka moto wina, kenaka umafa. Inu amene munaonapo msika ukupsa usiku, katundu wa ngongole akusanduka phulusa, mukudziwa kuti moto umachita ngati uli ndi nzeru, kulumpha mpata n'kukagwira shedi ina. Koma moto susiyira mwana wake chikhalidwe. Wobadwa ku machesi ndi wobadwa ku mbaula ndi chimodzimodzi. Nkhuku imasiyira anapiye mtundu wake, chimanga cha makolo chimabereka cha makolo. Mpaka lero palibe yemwe waonetsa plasma akusunga mtundu wake n'kupatsira ana ndi zidzukulu.

Sindikuti anthuwa atsekedwe pakamwa. Tinachokako kumene munthu ankalowa m'mavuto chifukwa chofunsa funso. Kufufuza plasma kuli ndi phindu lake, popeza dzuwa likalavula plasma wambiri dziko limamva. Pa 13 March 1989 dera la Quebec ku Canada linakhala mumdima maola 9 chifukwa cha zomwezi. Nchifukwa chake a NASA anatumiza chombo cha Parker Solar Probe mu 2018, chomwe pa 24 December 2024 chinadutsa makilomita 6.1 miliyoni okha kuchokera pa dzuwa, pomwe ife tili pa mtunda wa makilomita 150 miliyoni. Chombocho chinapita kukayeza kutentha, maginito ndi mphepo ya dzuwa.

Chondidetsa nkhawa ndi a mthira kuwiri omwe amadyera pa mikangano ya ophunzira. Pa intaneti pali kale ogulitsa madzi a m'mabotolo ndi timakina ati tili ndi "mphamvu ya plasma", tochiza shuga, BP ndi khansa, kwinaku akutchula maina a asayansi kuti mukhulupirire. Mayi wa geni ya mandasi akhoza kuthira mpamba wonse m'botolo la madzi, n'kusiyanso mapiritsi a kuchipatala. Tsytovich sanagulitsepo mankhwala, Matloff naye sananene kuti nyenyezi zimachiza. Plasma yemwe madokotala amapatsa odwala ndi wina, ndi madzi achikasu ochokera m'magazi a anthu opereka magazi, ndipo amaperekedwa kuchipatala pa diripi. Wa botolo akafika pabenchi panu, mufunseni kuti m'botolomo muli plasma uti, wa m'magazi kapena wa mphezi.