Chigubu cha malita 20 chidzaza mabotolo angati?

Mayi wina wogulitsa mafuta ophikira ku Sharpevale, m'mbali mwa msewu wa M5 m'boma la Ntcheu, adandifunsa: "Bambo, chigubu changa n'cha malita 20, botolo limalowa malita 0.75. Foni ikuti 26.67. Ndiye kuti chiyani?"

Nanenso kale zinkandizunguza kuti tagawa koma yankho laposa 20. Kugawatu n'kufunsa kuti botolo lidzaza kangati chigubu chisanathe. Botolo likakhala losakwana lita, mabotolo amachuluka kuposa malita.

Kadontho kakakusokonezani, sandutsani zonse mamililita, monga timasandutsira makwacha kukhala matambala: 20,000 kugawa ndi 750. Mabotolo odzaza ndi 26, ndipo atenga mamililita 19,500. Otsala ndi 500, theka la lita.

Samalani ndi ka .67 kaja. Si malita ayi, ndi gawo la botolo lomaliza, magawo awiri mwa atatu. Mukafuna mabotolo oti mafuta onse alowemo, gulani 27. Koma powerengera phindu, mayi, werengerani 26 okha, ndipo theka la litalo muligulitse palokha pa mtengo wake.