KODI "DODGEBALLER" NDI MUNTHU WOTANI?



Sabata latha ndinalandira kalata yocokera kwa bambo wina wa ku Mufulira. Iye ati mwana wace wamkazi anabwera kucokera ku sukulu ali mbuu ndi fumbi, nanena kuti, "Atate, ine tsopano ndine dodgeballer." Bamboyo afuna kudziwa ngati liu limeneli liri la ulemu kapena la cipongwe, pakuti tsiku lina anamva kapitao alikunena munthu kuti "dodger," ndipo nkhope ya kapitaoyo sinali ya munthu woyamika. Mwacita bwino kufunsa, bambo, pakuti akulu anati safunsa anadya phula. Mau awiriwa afanana ngati ana a mimba imodzi, koma makhalidwe ao asiyana kutali, ndipo munthu wowasokoneza angathe kudana ndi mnzace popanda cifukwa.

MASEWERA ACE

Tiyambe ndi masewera amene anabala liuli. Dodgeball ndi masewera oponyana mpira, ndipo amaseweredwa kwambiri m'masukulu a ku America, Canada ndi England. Pa mpikisano wa akulu pamakhala magulu awiri, gulu liri lonse anthu 6. Pakati pa bwalo amalemba mzere, ndipo pa mzerewo amaikapo mipira, 5 kapena 6 monga mwa malamulo amene alikutsata. Woweruza akaliza wezulo, osewera amathamangira mipirayo nayamba kuponyana. Mpira ukakugunda usanakhudze pansi, waturuka. Koma ukauwakha, woturuka ndi uja anauponya, ndipo mnzako mmodzi amene anaturuka kale amabwerera m'bwalo. Gulu limene anthu ace atha onse ndilo lagonja.

Kale anthu anali kuyesa kuti awa ndi masewera a ana okha. Koma m'caka ca 2004 ku America kunaturuka kanema woseketsa wochedwa DodgeBall, ndipo akulu ambiri atamuona anayamba kupanga magulu ao. Bungwe la World Dodgeball Federation linayamba mu 2011, ndipo mu 2012 linacititsa mpikisano wace woyamba wa maiko mu mzinda wa Kuala Lumpur ku Malaysia. Pamene osewera acuruka, anthu amafuna dzina lalifupi lowachulira, ndipo dzina limenelo ndilo tirikukamba lero.

MMENE LIU LINAMANGIDWIRA

Liu la "dodgeballer" liri ndi zigawo zitatu. Coyamba ndi "dodge," ndiko kulewa kapena kuzinda, monga acita munthu pamene mwala ulikudza pa mutu pace. Caciwiri ndi "ball," ndiwo mpira. Cacitatu ndi kamcira kakang'ono "-er," kamene m'Cingelezi kamasonyeza munthu wocita cinthu. Tikaphatikiza zonse, tanthauzo lace ndi "munthu wosewera mpira wolewa." Polichula limveka ngati "dojibola." Musanyengedwe ndi "bola" wa kumapetoyo ndi kuyesa kuti anena mpira umene tiucha bola pa bwalo lathu, pano anena munthu. Akakhala ambiri aonjeza "s," nati "dodgeballers." Liuli silisankha mwamuna kapena mkazi, mwana kapena wamkulu.

Kamcira kameneka si kacilendo kwa ife, cifukwa tinakameza kale osadziwa. Pamene tinena "dalaivala" kapena "dilaiva," tirikuchula "driver," munthu woyendetsa galimoto. Pamene tinena "lofa," ndi "malofa" akacuruka, tirikuchula "loafer," munthu wongoyendayenda wopanda nchito. Cinyanja cimacita zomwezo, koma ico cimaika cizindikiro cace kutsogolo kwa liu. Kulima kubala mlimi, kusodza kubala msodzi, kuphunzitsa kubala mphunzitsi. Ife tibveka liu cipewa, Angelezi alibveka mcira, koma nchito ndi imodzi.

Cenjerani, komabe, pakuti kamciraka sikakhala pa liu liri lonse. Angelezi amati "footballer," "cricketer," "golfer" ndi "boxer," koma wosewera tennis amamucha "tennis player" basi. Ndiponso liu la "cooker" silinena munthu wophika iai, linena citofu. Wophika ndiye "cook." Mkazi wanu akakuphikirani ndiwo zokoma, inu ndi kumuyamika kuti "cooker," mwamuyesa citsulo ca m'khichini.

PAMENE LIYENERA NDI PAMENE SILIYENERA

Mau ali ngati zobvala. Kabudula wa pa bwalo la mpira si woipa, koma munthu sabvala kabudula popita ku ukwati kapena ku bwalo la milandu. "Dodgeballer" ndi liu la kabudula. Osewera amalinena pakati pao, olemba nkhani za masewera amalikonda cifukwa ca kufupika kwace, ndipo limamveka ndi kanthabwala pang'ono ka anthu okondana. Mulibe cipongwe m'menemo. Cotero, bambo wa ku Mufulira, mtima wanu ukhale pansi; mwana wanu anali kudzitama cabe kuti walowa m'gulu la osewera.

Koma mwanayo akadzalemba kalata yopempha malo pa sukulu yapamwamba, kapena yofunsira nchito, nafuna kuchula masewera amene adziwa, alembe mau athunthu akuti "dodgeball player." Cimodzimodzi pa mayeso. Liu la "footballer" linakalamba, ndipo ku England lilowa pali ponse popanda womuimitsa pa khomo. Koma "dodgeballer" ndi mng'ono wace, ndipo anthu ambiri sanalizolowere. Wowerenga kalata yanu angaliyese liu lopeka nokha.

MBALE WACE WOOPSA

Tsopano tifike pa "dodger." Wina anganene kuti, "Popeza munthuyu alewa mpira, bwanji osafupikitsa ndi kungoti dodger?" Ndi zoona kuti pakati pa masewera, pamene onse alikuona mpira, mungathe kunena kuti uje ndi "good dodger," ndipo onse adzamva kuti mulikuyamika kulewa kwace. Koma mukaturuka pa bwalo liuli lisanduka.

Cifukwa cace ndi ici. Cinyanja ciri ndi mau awiri pamene Cingelezi ciri ndi limodzi. Ife timati kulewa mpira, koma kuzemba msonkho. Kulewa ndi nzeru ya thupi. Kuzemba ndi kuthawa udindo mobisala. Mngelezi anena "dodge" pa zonse ziwiri, ndipo "dodger" likaima lokha limapendekera ku kuzemba. Wozemba msonkho amamucha "tax dodger." Wokwera sitima kapena basi osalipira ndiye "fare dodger." Anyamata a ku America amene anakana kulembedwa usilikali pa nkhondo ya ku Vietnam, ena a iwo nathawira ku Canada, adani ao anawacha "draft dodgers." Ngakhale ife m'tauni, pamene tinena kuti mwana wadoja sukulu, tinabwereka tanthauzo loipali, osati labwino lija.

Dzinali linaipa kale. M'buku la Oliver Twist, limene Charles Dickens anaturutsa mu 1838, muli mnyamata wa ku London wochedwa Jack Dawkins, katswiri wopisa m'matumba a anthu, amene anzace anamucha Artful Dodger. Kufikira lero Mngelezi akanena munthu ndi dzina limeneli atanthauza kathyali woterera ngati mlamba.

Ine ndinaziona ndekha ndiri mwana wa sukulu. Tinali ndi mnzathu wina waliwiro, amene mpira sunali kumkhudza konse. Tsiku lina mlendo wamkulu anadza kudzaona sukulu, nafunsa za mnyamatayo. Ine, pofuna kuonetsa Cingelezi canga, ndinayankha kuti iye ndiye "dodger" woposa onse pa sukulu pathu. Mlendoyo anakwinya nkhope, nafunsa mphunzitsi cifukwa cace asunga mwana wothawa maphunziro. Mphunzitsi analongosola, mlandu unatha, koma mnzangayo anakhala sabata lathunthu osandilankhula. Taganizani tsono ngati mau otere anenedwa pa mgodi, pamaso pa mkulu wa nchito, za munthu amene ali ndi banja lodya pa malipiro ace. Munthu wodziwika kuti azemba nchito sakwezedwa msanga.

NANGA A DODGERS A KU AMERICA?

Ena a inu mwaona zipewa za buluu zolembedwa LA pa salaula, ndipo mwamva za gulu lochedwa Dodgers. Awa sasewera dodgeball iai; asewera baseball, masewera omenya kampira ndi cibonga. Dzina lao linacokera ku Brooklyn, dera la mzinda wa New York. M'zaka za m'ma 1890 m'miseu ya kumeneko munayamba kuyenda magareta a magetsi a pa njanje, ndipo anthu oyenda pansi anali kulumpha uku ndi uku kuti angagundidwe. Anthu a ku Brooklyn anachedwa "trolley dodgers," ndiko kunena olewa magareta, ndipo gulu lao la masewera linatenga dzinalo. Gulu limeneli ndilo linalemba Jackie Robinson mu 1947, munthu wakuda amene anathyola mwambo wa tsankho umene unatsekera anthu akuda kunja kwa magulu akulu a baseball kwa zaka zoposa 50. Mu 1958 gululi linayamba kusewera ku Los Angeles, kumene liri mpaka lero. Apa dzina limene likanakhala citonzo linasanduka ulemu, cifukwa eni ace analibvala okha. Dzina lodzipatsa wekha ndi lopatsidwa ndi wina sizilemera cimodzimodzi.

NANGA M'CINENERO CATHU?

Kulewa mpira si nzeru ya kutsidya kwa nyanja yokha. Yendani madzulo m'komboni iri yonse, mudzapeza asungwana ndi mpira wao wa nsanza kapena wa mapepala a pulasitiki. Awiri aima uku ndi uku naponya, wina ali pakati alikulewa, ndipo akapeza mpata athira mcenga m'botolo kuti lidzale asanagundidwe. Kuno ambiri amati shomba. Ku Malawi amati fulaye. Malamulo asiyana ndi a dodgeball, pakuti kwathu woponya ndi wolewa ali ndi nchito zosiyana, pamene kwao munthu ali yense aponya nalewanso. Koma diso lakuthwa ndi ciuno cofewa zifunika konse konse.

Polankhula Cinyanja, tsono, palibe cotikakamiza kubwereka. Tingathe kunena "wosewera shomba," "katswiri wa fulaye," kapena "mwana wodziwa kulewa," ndipo agogo a kumudzi adzamva bwino lomwe. Liu la Cingelezi tilisungire nthawi imene tirikulankhula Cingelezi.

Mau atatu oti mupite nao ndi awa. Pa bwalo ndi pakati pa abwenzi, "dodgeballer" ndi liu labwino. M'kalata ndi pa mayeso, lembani "dodgeball player." Ndipo "dodger" musamuche munthu pamaso pa akulu a nchito, pokhapokha mutatsimikiza mtima kumneneza kuti ndi wozemba.

Bambo wa ku Mufulira, mpatseni moni dodgeballer wanu, ndipo mumuuze kuti alewe mpira koma asadoje sukulu. Enanu amene muli ndi mau okubvutani, lembani makalata, tidzawamasulira pamodzi. Tsalani bwino nonse.