Kodi Agogo Anama?

Tiyerekeze kuti m'mawa agogo anu akuuzani kuti, "Ukasesa pabwalo, ndikupatsa nthochi." Mawu amenewa ali ndi mbali ziwiri, yoyamba ndi kusesa, yachiwiri ndi nthochi. Funso lathu lero ndi ili: kodi zinthu ziyende bwanji kuti tinene kuti agogo anama?

Mwasesa, nthochi mwalandira. Apa palibe mlandu, agogo ananena zoona.

Mwasesa mpaka pabwalo payera mbee, koma nthochi osaiona. Apa ndiye mawu aja asanduka bodza, ndipo mukadandaula aliyense akumvetsani.

Nanga ngati simunasese? Mwathawira kumpira, tsache lili poteropo, ndipo madzulo agogo sanakupatseni kanthu. Sananame, chifukwa inuyo simunachite mbali yanu. Koma taonani izi, pakuti apa ndi pamene ambiri amasokonezeka. Simunasese, komabe agogo, poona kuti mwabwera ndi njala, akupatsani nthochi ija. Kodi anama? Ayi ndithu! Iwo ananena zimene zichitike mukasesa. Za mwana wosasesa sananenepo chilichonse. Sananene kuti, "Ukapanda kusesa sudya nthochi." Amenewo ndi mawu ena, ndipo ndife amene timawaonjezera m'mutu mwathu. Ine ndimaona kuti mwana amene wamvetsa mfundo imeneyi waphunzira kumvetsera bwino, kumva zimene munthu wanenadi osati zimene tikuganiza kuti wanena.

Choncho pa njira zinayi zija, bodza likupezeka pa imodzi yokha: mbali yoyamba yachitika, yachiwiri n'kulephereka.

Nkhaniyi ndi yakalekale. Zaka pafupifupi 300 Yesu asanabadwe, ku Greece kunali munthu woganiza mozama dzina lake Philo wa ku Megara, ndipo ndiye anaphunzitsa lamulo limeneli. Mphunzitsi wake, Diodorus Cronus, sanagwirizane naye. Diodorus ankati sikokwanira kuti mawuwo akhale oona lero lokha, koma pasakhale nthawi ina iliyonse imene mbali yoyamba ingachitike yachiwiri n'kulephereka. Masiku ano akatswiri a masamu amagwiritsa ntchito lamulo la Philo.

Tsopano yesani nzeru zanu. Mu 1966, Peter Wason, katswiri wa ku Britain wofufuza mmene anthu amaganizira, anayambitsa masewera a makadi anayi ofanana ndi awa. Khadi lililonse lili ndi chilembo mbali imodzi ndi nambala mbali inayo. Patebulo mukuona A, K, 4 ndi 7. Mnzanu akuti, "Khadi likakhala ndi A, kuseri kwake kuli 4." Ndi makadi ati amene muyenera kutembenuza kuti mudziwe ngati akunena zoona? Musathamangire yankho, yambani mwaganiza. Pa kafukufuku wa Wason anthu ambiri ankalakwitsa, ngakhale ophunzira a kuyunivesite.

Khadi la A muyenera kulitembenuza, chifukwa kuseri kukapezeka nambala ina osati 4, bodza lagwidwa. La K lisiyeni, mnzanuyo sananene kanthu za K. Ambiri amathamangira la 4, koma silingakuthandizeni. Kuseri kwake kukakhala A, zili bwino. Kukakhala chilembo china, zili bwinobe, popeza mnzanu sananene kuti 4 amayenda ndi A yekha. Khadi limene anthu amaliiwala ndi la 7. Mukalitembenuza n'kupeza A, ndiye kuti mwapeza A wopanda 4, ndipo mawu a mnzanu agwa pomwepo.

Yankho ndi A ndi 7. Dulani timapepala tinayi, lembanipo zilembo ndi manambalawa, mukawayese aphunzitsi anu kapena achimwene anu, muone ngati angakumbukire kutembenuza 7.