Kuwerenga Khalidwe la Chiweto Dotolo Asanafike

Munthu akadwala amapita kuchipatala cha Kanyama kapena cha Matero, nakafotokoza yekha pamene pakumupweteka ndi tsiku limene ululuwo unayamba. Nkhuku, mbuzi ndi galu zilibe mwayi umenewo. N'chifukwa chake dotolo wa ziweto akafika pakhomo panu amayamba ndi kufunsa inu: vutoli linayamba liti, chiwetocho chikudya kapena ayi, chikuima motani, zadwala zingati. Ife amene timaphunzitsa pano taona kuti chithandizo chimayenda bwino pamene mlimi ali ndi mayankho a mafunso amenewa, ndipo mayankhowo amachokera pa kupenyetsetsa khalidwe la ziweto tsiku ndi tsiku.

Chifukwa chake ziweto zimabisa matenda

Nkhuku ndi mbuzi ndi nyama zimene zinzake zimazisaka. Mphamba amagwira mwanapiye wofooka, fisi amatsata mbuzi yotsalira m'mbuyo. Motero chibadwa chawo ndi kudzilimbitsa pamaso pa aliyense amene zikumuopa, ngakhale mwini wake. Pamene nkhuku yafika pogona chogonera, matenda amakhala atapita kale patali. Akuluakulu anati chakudza sichiimba ng'oma, komabe matenda a ziweto amatumiza zizindikiro zing'onozing'ono masiku angapo imfa isanayambe, ndipo amaziona ndi munthu wodekha.

Lamulo lathu ndi ili: m'mawa, musanatsegule khola ndiponso musanagwedeze thumba la chakudya, imani phee pambali kwa mphindi 10. Mukangolowa, zonse zimadzuka ndi kuthamanga, yodwala pamodzi ndi zamoyo, ndipo mwataya mwayi woiona. Yang'anani imene yadzipatula, imene ikuwodzera zinzake zikudya, mvetserani kapumidwe kake, kenaka onani zitosi ndi madzi amene atsala.

Anapiye ndi nkhuku zanyama

Ambiri a inu mu Chawama, George ndi Mtendere mumaweta nkhuku zanyama kuseri kwa nyumba. Sabata yoyamba anapiye amafuna kutentha kwa madigiri 32 mpaka 35, kumatsika pang'onopang'ono sabata iliyonse. Ngakhale mulibe choyezera, anapiyewo amakuuzani. Akaunjikana pansi pa getsi uku akulira kwambiri, azizidwa. Akathawira m'mbali mwa khola, milomo ili yasa, kwatentha. Akadzazana kumbali imodzi, pali mphepo imene ikulowa. Akamwazikana mofanana, ena akudya, ena akumwa, ena akugona, zonse zili bwino. Patatha tsiku limodzi chifikireni, gwirani chithokomiro cha anapiye angapo: chikhale chodzaza ndi chofewa, kusonyeza kuti apeza chakudya ndi madzi omwe.

Mu 2024, chilala chitachepetsa madzi ku Kariba ndipo magetsi ankazima maola ambiri, alimi ochuluka anabwerera ku mbaula ya makala. Mbaula m'khola lotsekedwa paliponse imatulutsa mpweya wakupha wosaoneka ndi maso. Anapiye akayamba kulefuka onse nthawi imodzi usiku, tsegulani mpata wa mpweya musanaganize za mankhwala.

M'mwezi wa Okutobala nkhuku zazikulu zimavutika ndi kutentha, pakuti nkhuku ilibe thukuta. Imapuma wefuwefu, kutambasula mapiko ndi kusiya kudya. Pamenepa chofunika ndi madzi ozizira, mthunzi, mpweya, ndi kudyetsa m'mawa ndi madzulo. Nyengo ya mvula ili ndi zake. M'malo amene madzi amasefukira, monga ku Kanyama, utuchi wa m'khola umanyowa, ndipo tizilombo ta koksidiyosisi timaswana. Nkhuku imazyolika, nthenga zili nyankhalala, ndipo zitosi zimakhala ndi magazi. Matendawa ali ndi mankhwala ngati mwawazindikira msanga.

Chitopa chimasiyana ndi zonsezi. Nkhuku zambiri zimadwala mwadzidzidzi, zimapuma movutika, zimatsegula m'mimba zobiriwira, ndipo zina zimapotoka khosi kapena kuyenda mozungulira. Chitopa chimayamba ndi kachilombo ka vairasi, choncho maantibayotiki a m'sitolo sachipha. Chitetezo chake ndi katemera, monga wa Lasota, woperekedwa nkhuku zisanadwale. Mlimi wina amene anaphunzira pano anaona nkhuku zake ziwiri zikuwodzera, nazinyamula kupita nazo kwa mnzake kukafunsa nzeru. Sabata isanathe makola onse awiri anali m'mavuto. Yodwala ipatuleni pomwepo. Amene ayende ndi uthenga wanu.

Mbuzi

Ena mumagula mbuzi pamsika wa Chibolya kuti mukawete kumunda kunja kwa mzinda. Pamsika ziweto zochokera kumadera osiyanasiyana zimasakanikirana, motero mbuzi yatsopano ikhale payokha kwa masabata atatu musanaiphatikize ndi zanu, ndipo masiku amenewo muziiyang'anitsitsa. Mbuzi yamoyo imakhala tcheru, imakonda zinzake, ndipo ikapuma imabzikula. Ikaleka kubzikula, m'mimba mwake mwavuta. Ikamakukuta mano kapena kupinda msana, ikumva ululu. Ikamayenda mozungulira, kukweza miyendo modabwitsa, kenaka kugwa ndi kupalasa, ganizirani matenda obwera ndi nkhupakupa amene amadzaza madzi kumtima. Apa ola lililonse ndi lofunika, itanani dotolo. Mbuzi yodya m'zinyalala imameza mapepala a pulasitiki, amene amaunjikana m'mimba: imaonda pang'onopang'ono, kudya kumachepa, ndipo mankhwala a njoka za m'mimba sasintha kanthu. Mukamuuza dotolo kumene mbuziyo imadya, mwamuthandiza kupeza gwero lake.

Galu ndi chiwewe

Apa nkhani ikukhudza moyo wa ana athu. Chizindikiro choyamba cha chiwewe ndi kusintha kwa khalidwe. Galu wofatsa amayamba kulusa popanda chifukwa, kuluma miyala ndi mitengo, kuyendayenda osadziwa kwawo. Wina amangokhala chete pamdima, chibwano chili pansi, malovu akuchucha, ngati wotsamwidwa ndi fupa. Musapise dzanja m'kamwa mwake kuti muchotse fupalo, chifukwa kachilomboko kamakhala m'malovu. Mutsekereni ngati n'kotheka popanda kumugwira, ndipo dziwitsani a ofesi ya boma ya za ziweto.

Munthu akalumidwa, tsukani bala ndi sopo ndi madzi ambiri kwa mphindi 15, kenaka pitani kuchipatala tsiku lomwelo kukalandira katemera. Galu wolumayo, ngati akudziwika, amasungidwa ndi kuyang'aniridwa kwa masiku 10, koma wolumidwa asadikire masikuwo kunyumba. Zizindikiro zikaoneka mwa munthu, chiwewe chilibe mankhwala. Pa 28 Seputembala chaka chilichonse dziko lonse limakumbukira za matendawa, ndipo imeneyi ndi nthawi yabwino yoona ngati galu wanu anabayidwa katemera. Phunzitsaninso ana kuti galu amene wauma thupi, akuonetsa mano, kapena wapanira mchira pakati pa miyendo akupempha kuti asiyidwe.

Kagwiridwe ka chiweto chodwala

Khalidwe limatiphunzitsanso kagwiridwe. Mbuzi yothamangitsidwa bwalo lonse imatentha thupi ndipo mtima wake umagunda kwambiri, kotero kuti zimene dotolo ayeze zingamusokoneze. Kutentha kwa mbuzi yamoyo kumakhala pafupi ndi madigiri 39, kwa nkhuku pafupi ndi 41. Temple Grandin, katswiri wa ku America wa khalidwe la ziweto, anaonetsa kuti ng'ombe imapita patsogolo munthu akaima kumbuyo kwa phewa lake, ndipo imabwerera m'mbuyo akaima kutsogolo kwa phewalo. Nzeru yomweyo imagwira ntchito pa mbuzi. Ilowetseni pakona pamodzi ndi inzake, popanda kukuwa kapena ndodo. Nkhuku zigwireni madzulo kukada, pamene zafatsa, manja onse awiri atagwira mapiko ndi thupi, osati kuzilendewetsa ndi phiko limodzi.

Zimene muyenera kulemba

Khalani ndi kabuku pakhomo pa khola. Lembani tsiku, chakudya ndi madzi amene zatha, zimene zafa, katemera amene munapereka, ndi chachilendo chilichonse chimene mwaona. Ngati foni yanu imajambula, tengani kanema wamfupi wa chiweto chikuyenda kapena chikupuma, pakuti nthawi zina dotolo akafika chimaleka kuonetsa zimene munaona. Thandizo likupezeka kwa alangizi a boma a Unduna wa Nsomba ndi Ziweto, ndiponso kuchipatala cha ziweto cha Samora Machel School of Veterinary Medicine pa University of Zambia, pafupi ndi Kalingalinga. Mukapita kumeneko, tengani kabukuko. Ophunzira amene muli pano chaka chino, kuyambira Lolemba mudzayamba ntchito ya m'makola ndi mphindi 10 zoima pakhomo, cholembera chili m'manja.