Phiri Lili ndi Eni Ake

Kutali ku Asia kuli dziko lotchedwa Nepal. M'malire a dzikoli ndi China muli phiri la Everest. Phirili ndi lalitali kuposa mapiri onse pa dziko lapansi. Kutalika kwake ndi mamita 8,849. Pamwamba pake madzi amakhala oundana chaka chonse.

M'munsi mwa phirili mumakhala anthu a mtundu wa Sherpa. Iwo ndi alimi ngati ife. Amalima kachewere ndi kuweta ziweto.

M'chaka cha 1953 anthu awiri anafika pansonga ya phirili kwa nthawi yoyamba. Mmodzi anali Edmund Hillary wa ku New Zealand. Wina anali Tenzing Norgay, wa mtundu wa Sherpa. Mbiri inawanda, ndipo alendo odzaona phiri anayamba kuchuluka chaka ndi chaka.

Alendo anabweretsa ndalama. Eni malo ambiri anapeza ntchito ya mtengatenga ndi yolondolera njira. Koma mavuto anabweranso. Mitengo inadulidwa kuti alendo aphikire ndi kuotha moto. Zitini, mapulasitiki ndi mahema ong'ambika zinatayidwa ponseponse. Chimbudzi cha anthu chinaipitsa madzi akumwa.

Nanga eni malo anachita chiyani? Sanakhale chete. M'chaka cha 1991 anakhazikitsa komiti yawoyawo yosamalira ukhondo wa phiri. Komitiyi imatola zinyalala ndi kuona ngati alendo akutsata malamulo.

Mu Epulo 2014 chigumukire cha madzi oundana chinapha antchito 16 a ku Nepal, amene ankanyamula katundu wa alendo. Anzawo anagwirizana ndipo anakana kukwera phiri chaka chimenecho. Anafuna kuti mabanja a omwalirawo athandizidwe moyenera. Boma linamva ndipo linakweza chipukutamisozi cha antchito ofera pa ntchito.

Koma nkhondo sinathe. M'chaka cha 2019 okwera phiri anachuluka mpaka kuima pamzere pafupi ndi nsonga. Nyengo imeneyo anthu 11 anamwalira. M'chaka cha 2024 akuluakulu a deralo analamula kuti wokwera aliyense azitsika ndi chimbudzi chake m'thumba.

Anzathu, eni phirili sakana alendo. Akukana kudyeredwa masuku pamutu. Akufuna kuti alendo abwere mwa dongosolo, alipire mokwanira, ndipo asiye phiri lili laukhondo. Ndalama zimatha, koma phiri ndilo lidzapatsa zidzukulu madzi ndi nkhuni. Munthu mmodzi sakadatha zimenezi. Mutu umodzi susenza denga.

Tikambirane

1. Kodi alendo anabweretsa zabwino ziti? Nanga zoipa ndi ziti?
2. Chifukwa chiyani antchito anakana kukwera phiri mu 2014?
3. Kodi mapiri akwathu kuno amatipatsa chiyani? Ndani ayenera kuwasamala?